Ndevu za aMathew

Lolemba, 5 Febuluwale 2024

Mvula kuyambira m'mamawa. Mkazi wanga Enid tinamuika Loweruka. Ndalemba zimenezi n'kuziyang'ana nthawi yaitali, ngati mawu a munthu wina amene andipatsa kuti ndiloweze.

Anagwa Lachinayi pa sikelo, dengu la tiyi lili kumsana. Akuti BP. Anzake anamukweza pa thirakita ya masamba mpaka kuchipatala cha esiteti. Ine ndinali kumtunda, kunyumba yakale ya bwana kumene tikujambulira sewero la pa TV, foni yozimitsa monga mwa lamulo. Poiyatsa, zonse zitatha kale.

Misozi ayi. Kumanda anthu amandiyang'ana chozemba, kudikira. Sindikuwada. Anandionapo pa kanema ndikugubuduka m'fumbi, kulira mkazi amene dzina lake lenileni ndinaliiwala kalekale. Mdzukulu wina, fosholo ili m'manja, anandinong'oneza kuti, "Pepani a Sajeni." Mayi wina wa Mvano: "Limbani mtima abusa." Aliyense ndi dzina la sewero limene anaonera. Amene anandiitana kuti Benard ndi alamu anga okha, a Filipo.

Mwana wathu Tisungane wabwera kuchokera ku Thekerani kumene amaphunzitsa. Akuphika, akulandira anthu, akulira, zonse nthawi imodzi. Anatengera mayi ake.

Nsapato zakuda zija zatha ndi matope a kumanda. Shuga watha.

Lachitatu, 7 Febuluwale

Dzulo anandiitana pansi pa mtengo wa mapeyala. A Filipo, ndi atsibweni ake a Enid amene abwera kuchokera ku Milanje, nkhalamba ya jekete lalikulu kuposa thupi. Nkhani yake: kumeta kukhale Loweruka likubwerali. Ndipo poti iwo miyendo inatha, sangawoloke malire kawiri, andisudzuliretu tsiku lomwelo.

Sananene mwankhanza. Ndi mmene zimakhalira. Ine pano ndine mkamwini, kwathu ndi ku Kapichi kumene ngakhale agalu anandiiwala. Njerwa za nyumbayi ndinaumba ndine, malata ndinagula chaka chija ndinali sing'anga pa TV, koma dothi ndi la mbumba ya Enid. Akandimeta, akandisudzula, basi, sindinenso mwamuna wake. Nyumba ndi ya Tisungane, ndipo poti iye amakhala kutali, azisungamo ndi Josephine, mwana wa mng'ono wake wa Enid, wangokwatiwa kumeneyu.

Ndinayankha kuti sindingametedwe. Ntchito.

Zaka zonsezi ndakhala mlonda, wapolisi, m'busa, chidakwa, wogulitsa mabokosi a maliro, kangapo konse mtembo weniweniwo. Kulowa, kunena mawu awiri, kutuluka. Dzina langa limadutsa pa TV anthu atadzuka kale kukatsuka mbale. Ulendo uno wokha ndi umene andipatsa munthu wa dzina lake, aMathew, kapitawo wopuma ntchito, wa tsitsi la thengo ndi ndevu zofika pachifuwa, ndipo ali m'sewero lonse mpaka kumapeto. Ndevuzi ndaziweta kuyambira chilimwe. Mwezi watha aMathew anakweza ndodo kuti amenye mkamwini wawo, mvula inakhuthuka, tinalekera pomwepo. Ndodoyo mpaka lero ili m'mwamba. Singakwere ndi ndevu n'kutsika ndi mpala.

Ndinawafotokozera zonsezi pang'onopang'ono. Atsibweni anafunsa a Filipo m'Chilomwe, a Filipo anayankha, nkhalamba inagwedeza mutu. Kenako kwa ine: "Ndiye ndodoyo itsika liti?"

Ndinati sindikudziwa.

Lachinayi, 8 Febuluwale

Ndabwerera kuntchito. Hazel, dayirekita wathu, mtsikana wa ku Lilongwe wa msinkhu wa Tisungane, wandigwira dzanja ndi manja awiri. Kumaliro anabwera ndi gulu lonse, chitenje atachimanga mopendekera. Wati ndipume kaye. Ndakana. Ndiye wati, maso pansi, "Koma ndevuzo chonde musazikhudze, bambo Benard."

Mtima unakhala pansi. Chimwalirireni Enid, chinthu choyamba kuchimva m'chifuwamu n'chimenecho. Manyazi ake.

Za ndodo sitinajambule, womenyedwayo ali ku Blantyre. Tajambula aMathew akudya chinangwa pakhonde. Chinangwa chozizira, kubwereza ndi kubwereza, mpaka nsagwada kuwawa.

Pakhonde pamenepo munda wonse umaoneka. Gulu la Enid linali kutsidya, mapulasitiki m'chiuno, madengu kumsana, akutchola motsatira mizere. Mpata wake atseka kale. Nyengo ino tiyi sadikira munthu, ukamusiya masiku angapo wakhwima.

Loweruka, 10 Febuluwale

Ameta. Amuna kuseri kwa nyumba, akazi kukhitchini. Tsitsi lonse la Tisungane lija pansi. Mitu yonse mbee, ine ndekha ngati chitsamba chimene odulira tiyi anachiiwala pakati pa munda.

Atsibweni anandiitanira pambali. Ati iwonso akudziwa kuti dziko linasintha, ngakhale a kumpingo masiku ano amangokhudza pang'ono. Angodulako kuseri kwa khutu, mwambo uchitike, ndevu zikhale. Sizasi inali kale m'manja mwa a Filipo.

Ndati kamera imaona chilichonse.

Bodza. Kuseri kwa khutu la aMathew ngakhale nsabwe sizingadziwe kuti padulidwa. Doris, amene amatisamalira zovala ndi nkhope, akanangopesa n'kutseka. Koma ndinalinena bwino bodzalo, nkhope yachisoni, manja otambasula. Ntchito yanga.

Nkhalamba yati idikira. Yayala mphasa yake kwa a Filipo. Chimanga chake ku Milanje akuti sichinabandiridwe.

Josephine anaphika kalongonda. Wowawa. Enid amataya madzi kangapo asanathire mchere.

Lamulungu, 11 Febuluwale

Kutchalitchi. Nyimbo, ulaliki, zolengeza. Ana kumbuyo kulozerana ndevu.

Masana onse tulo. Pulasitiki ya Enid yotcholera tiyi ikadali pa msomali, ikununkha masamba. Sindinaichotse, sindinaigwire.

Lachiwiri, 13 Febuluwale

A Filipo madzulo, pochokera kuntchito, gamubutsi zili kumiyendo. Munthu wofatsa, kapitawo amene sindinamumvepo akukalipira munthu. Anazungulira kutali, za mvula, za feteleza, za msewu wa ku Bvumbwe. Kenako: "Alamu, maliro satha inu musanametedwe. Mudzi wonse tikugona chofulatirana chifukwa cha ndevu zanuzo. Ife akuluakulu tipirira, koma Josephine wangokwatiwa kumene, mumvereni chisoni." Anaseka. Ndinaseka nawo, mano okha.

Kumjigo akuti ndikukakamira nyumba. Ena akuti ndikuopa lumo chifukwa ndikudziwapo kanthu pa imfayi. Ena akuti za pa TV zinandilowa m'mutu. Pakamwa pa anthu sipatsekeka. Akanandifunsa ndikanasankha cha TV chomwecho, n'chopepukirapo.

Nyumba ndiitani? Chipinda changa ku Ndirande chilipo, ndi landilodi wake wondidikira. Muno ndakhala ndikugonamo ngati wodutsa: Khirisimasi, Isitala, maliro a anthu. Miyezi iwiri yokhayi, poti tikujambulira pafupi, ndi imene ndakhala ndi Enid tsiku ndi tsiku. Ndi pamene ndadziwa kuti amadzuka kusanache n'kumakangana ndi nkhuku m'Chilomwe. Kuti tiyi wa ku fakitale samamwa, amati wamuona mokwanira, amamwa thobwa. Kuti bondo lamanzere limamuvuta potsika phiri. Ukwati wa zaka zonsezi, ine osadziwa za bondo.

Lachitatu, 14 Febuluwale

Tisungane masiku ake a tchuthi atha, ahedi aimba foni. Wapemphanso ena. Akuti sachoka zinthu zili chonchi.

Amapinda zovala za mayi ake zoti zigawidwe. Sanakweze mawu, sanandiyang'anenso. "Adadi, amayi akhala akukudikirani moyo wawo wonse. Kudikira minibasi ya Lachisanu, kudikira kwa aneba kuti mwina muoneka pa TV. Panonso adikire?"

Ndinafuna kuyankha. M'mutu munabwera mawu a abambo onse amene ndinakhalapo, wolusa uja, wopepesa uja, woledzera uja. Anga ayi. Ndinamufunsa ngati waona tchaja yanga.

Inali pa windo.

Lachinayi, 15 Febuluwale

Atsibweni abwera kojambulira. Wapansi, okha, chitunda chonse chija, jekete lonyowa. Tili pakati pojambula, angolowa, kuima kutsogolo kwenikweni kwa kamera, kuvula chipewa, kupereka moni kwa aliyense payekhapayekha mpaka wogwira mayiki. Atamaliza afunsa: "Mwini wake wa ndevuzi ndani?"

Onse analoza Hazel.

Mwana wa anthu anagwada pa kapinga wonyowa, thalauzi lake loyera. Anamvetsera mpaka kumapeto. Za kumeta amazidziwa, koma samadziwa kuti mudzi wonse waima, kuti nkhalamba yasiya munda, kuti anandipempha kuseri kwa khutu kokha ine n'kukana m'dzina lake. Anatembenuka: "Bambo Benard, bwanji simunandiuze?" Ndinayang'ana nsapato.

Doris, pofuna kuthandiza, anati vuto palibe. Andimete, tsitsilo alisunge bwino m'jumbo, iye azindimata ndi guluu m'mawa uliwonse. Nkhalamba inamuyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi. "Tsitsi la maliro, mayi? Limene timakakwirira? Mukufuna malemu azibwera kudzaonera nawo?" Doris anagwira pakamwa. Ena anathawira kuseri kukaseka.

Ndevu zogula zofanana ndi zangazi kulibe, ndalama yake kulibenso. Hazel anayenda uku ndi uku ndi foni. Pobwera: womenyedwa uja afika mawa, ndodo itsika mawa, kenako aMathew mwana wawo awatenga kupita nawo ku Joni, otsalawo azingowatchula pakamwa. Munthu wanga wa sewero lonse uja wathera pakati. Anandipepesa kangapo, maso ofiira, ngati wandilanda chinthu. Wandilandadi, koma si chimene akuganizacho.

Atsibweni anawabweza pa galimoto ya gulu, mpando wakutsogolo. Akuti njira yonse amafunsa dalaivala ngati ndodoyo imapweteka zenizeni.

Enid ndevuzi amadana nazo. Amati akugona ndi tsache. Amati tsiku lomaliza kujambula adzandikhazika pakhonde n'kundimeta yekha, mudzi wonse ukuona, kuti adziwe ngati mwamuna wake akadalimo m'katimo.

Ndilembe poti palibe awerenge. Si sewero, si nyumba. Sindikufuna kusudzulidwa. Munthuyu ndangomudziwa kumene.

Lachisanu, 16 Febuluwale

Dzuwa, ngati dala.

Pa ntchito imeneyi amandidziwa ndi chinthu chimodzi: sindibwerezetsa. Undipatse mawu m'mawa, masana ndakupatsa munthu, wapolisi kaya wamisala. N'chifukwa chake amandiitana. Sindidya nthawi, sindidya batire.

Lero ndodo m'mwamba, mawu ndaiwala. Kachiwiri ndatsokomola. Kenako ndodo yapulumuka. Kenako ndamutchula womenyedwayo dzina lake lenileni. Mnzangayo khosi lopinda kudikira ndodo, thukuta kamukamu. Wa kamera anayamba kuyang'ana kumwamba, mitambo ikusonkhana ku phiri. Palibe anadandaula. Namfedwa sakalipiridwa, ndipo ine ndimadziwa zimenezo, ndimadyerapo.

Hazel anabwera pafupi ngati akukonza kolala ya jekete. Chapansipansi: "Bambo, ngakhale titachezera pano, mawa kucha ndithu."

Ndinakweza ndodo, ndinanena mawu, ndodo inatsika. Anaomba m'manja. Wina anati nkhope imene ndinapanga sanaionepo. Sindinapange nkhope iliyonse.

Chakudya chamasana mpunga ndi nyemba. Doris wandipatsa mafuta oti ndidzadzole kumutu, akuti khungu lobisika limapsa msanga ndi dzuwa.

Loweruka, 17 Febuluwale

Kuseri kwa nyumba, pa mtondo wogoneka. A Filipo anayamba ndi sizasi, kenako sopo ndi lezala. Dzanja lozolowera chikwanje, koma amayendetsa mosamala ngati akusenda dzira. Anandicheka pang'ono pachibwano. "Pepani alamu."

Tsitsi analiwolera pa tsamba la nthochi, analikulunga, anapita nalo. Lambiri. Sindinafunse kumene akalikwirira.

Kenako pabwalo, anthu atakhala. Atsibweni analankhula m'Chilomwe, n'kubwereza m'Chichewa kuti ndimve bwino. Anati ndinabwera bwino, ndinawabalira mwana, ndinawamangira nyumba, mwana wawo ndamuika ndi manja anga. Alibe nane mlandu. Kuyambira lero ndine mfulu, ndikafuna kukwatira ndikwatire, palibe adzandiloze chala. Anawonjeza kuti pano ndisapaiwale, ndizibwera. Amayi anaomba m'manja mwaulemu. Ine ndinathokoza. Ndinathokoza bwino, anthu amagwedeza mitu.

Thobwa. Nkhuku. Pofika masana ena anayamba kuseka mokweza, wailesi inayatsidwa. Mwamuna wa Josephine anandigwira dzanja mwamphamvu kuposa onse.

Mutu kuzizira. Pa galasi munthu wina, wa makutu aakulu, chibwano chotuwa. Tisungane anandisisita pamutu n'kuseka, kusekako kunasanduka kulira. Anati, "Ine sanandisudzule, adadi. Mukafuna bwerani ku Thekerani." Ndinati ndamva.

Katundu: chikwama chimodzi ndi jumbo. Wailesi ndasiya. Ndagona ku Bvumbwe, kunyumba ya alendo kumene gulu likugona. Bedi la mawaya.

Kumva, sindikumva kanthu. Ngati mwendo umene waukhalira nthawi yaitali.

Lachiwiri, 20 Febuluwale

Tisungane anapita Lamulungu, atsibweninso. Ine Lamulungu sindinadzuke.

Dzulo ndinakwera kumtunda kukabweza jekete la aMathew. Doris anandidutsa, kundipatsa moni wa munthu wachilendo, n'kubwerera akukuwa. Hazel anandizungulira, anaitana wa kamera. "Palibe angawazindikire." Pomwepo anandipatsa munthu wina, kalaliki wa pa sikelo. Shati yoyera, cholembera kukhutu. Dzina alibe. Mawu ake ndi akuti "Wotsatira!" basi. Anandifunsa kawiri ngati ndingathe, poti ndi sikelo. Ndinati si sikelo ija, iyi ndi ya kumtunda. Ndinatha. Sitinabwereze.

Poweruka galimoto inali yodzaza ndi zida, ndinati ndiyenda ndikakwere minibasi kumsewu. Njira ya kumsewu imakhotera kumanja pa mlatho. Ndinazindikira ndili kale kumanzere, pakati pa tiyi, ndikutsika. Ndinadziuza kuti ndikukatenga ambulera, inatsala kuseri kwa chitseko. Inatsaladi.

Pabwalo posesa bwino. Pachingwe zovala za anthu ena. Chitseko chotsegula, nsalu yotchinga yomwe ija, m'katimo mbale zikugundana. Ndinakwera pakhonde, dzanja linafika pa nsaluyo.

Ndiye pakamwa panga panati, "Odi."

Palibe anandiuza. Palibe anandilembera. Panangotuluka, ndipo ndinabweza dzanja, ndinaima kudikira ngati munthu wodzagula mazira. Enid akanati, odi wa chiyani pakhomo panu, mwaledzera? Ndinadikira zimenezo. Ndithu ndinadikira.

Anatuluka Josephine, manja onyowa. "Ii, ababa aakulu! Dikirani ndikutulutsireni mpando." Anautulutsa, anaupukuta ndi chitenje, anauika pabwalo. Ndinatsika pakhonde, ndinakhala. Iye anagwada chapatali, manja pamodzi, kundifunsa mmene ndayendera, ndipo ine ndinatsegula pakamwa kuti ndinene kuti ndayenda bwino, koma chimene chinatuluka ndi kulira.